Mlonda Wachibwibwi Amene Anatsitsa Wamakalata ku Mwezi

Tsiku limene Cassim Sumaili anachotsedwa pakhomo lalikulu la hotela, nkhomaliro sanadye. Anakakhala pa masitepe akuseri, pafupi ndi mabini a zinyalala, chipewa cha yunifolomu chili pabondo.

Nkhani yake inali yochepa. Mlendo wina wachangu anamufunsa m'Chingerezi kumene kunali malifiti. Yankho Cassim ankalidziwa. Koma iye ndi wachibwibwi chibadwire, ndipo tsiku limenelo mawu anakanirira pakhosi. Anayesa kamodzi, kawiri, katatu. Mlendoyo anayang'ana wotchi, n'kupita kukadandaula.

Supavaiza wa alonda sanakalipe. Anangoti, "Cassim, dandaulo ili ndi lachitatu. Pakhomo sindingakusiye. Kuyambira mawa ukalondera holo ya pamwamba, kumene sukafunika kuyankhula ndi munthu. Kontrakiti yako yatsala ndi miyezi inayi. Zoti tidzaiwonjezera, sindikulonjeza."

Inu amene mukuwerenga, ngati munakankhidwirapo kungodya chifukwa anthu aona kuti simungathe kanthu, nkhani ya Cassim imveni mpaka kumapeto.

Iye ndi wa ku Ntaja, m'boma la Machinga. Kusukulu mayankho ankawadziwa, koma dzanja sankakweza, poopa kuseka kwa anzake. Ankakhala kumbuyo n'kumajambula njinga ndi nkhope za aphunzitsi kumapeto kwa makope. Mayeso a Folomu 4 analemba kawiri, kawiri konse osakhoza. Analondera golosale ku Limbe zaka zinayi, mpaka anamva kuti kukufunika alonda opita ku Doha, m'dziko la Qatar. Mayankho a intavyu anachita kuwaloweza ngati nyimbo, ndipo anamutenga. Ananyamuka mkazi wake ali woyembekezera. Mwana wamkazi amene anabadwa, Cassim anali atangomuona pafoni pokha.

Tsopano ntchito imene inkadyetsa banja limeneli inali pafupi kutha chifukwa cha lilime lake.

Hotelayo inali m'nyumba ina yosanja ya ku Al Dafna, dera lina la mumzinda wa Doha. Mu holo imene anamutumizako munali chionetsero cha miyezi inayi cha makatuni akale kwambiri, a zaka pafupifupi zana limodzi zapitazo. Anali ojambulidwa pamanja, akuda ndi oyera basi, aafupi, oseketsa, ndipo analibe mawu. Onse anali a maulendo opita kumwezi ndi kunyenyezi. Amene anawajambula anachita zimenezi munthu asanapiteko kumeneko, choncho ankangopeka. Wina ankapita kumwezi ataomberedwa mumzinga, wina pa makwerero, wina atakwera nsomba.

Mafilimuwo ankangozungulira pakhoma kuyambira m'mawa mpaka madzulo. Ntchito ya Cassim inali kuima pafupi ndi chitseko ndi kuona kuti anthu sakugwira magalasi. Sabata yoyamba sanayang'ane n'komwe kukhomako. Mtima unali ukuwawa.

Chimene chinamutembenuza chinali kuseka. Tsiku lina munalowa banja la Chiarabu. Kumbuyo kwake kunaima mayi wa ku Philippines wokolopa pansi, ndipo pambali panali azibambo awiri a ku India ovala masuti. Anthu amenewa sakanamvana chinenero, koma onse anaseka pamalo amodzi, nthawi imodzi.

Cassim anadabwa. Palibe amene wayankhula, nanga onsewa amva bwanji? Anatembenuka kuti aone.

Filimu imene inkaseketsa anthuyo inali ya bambo wina wowonda, wonyamula makalata. Galu anamubweretsera kalata, pa envulopu pali chithunzi cha mwezi. Wamakalatayo anakanda mutu, anamangirira makombola kumbuyo kwa njinga yake, n'kuyatsa. Njinga inauluka. M'njira nyenyezi zinkamulondola ngati agalu a m'mudzi, zikuluma matayala. Atafika, mwezi unayetsemula, njinga n'kugwera pansi, iye n'kutsala pamwamba kalata ili m'manja, akuyang'ana dziko lili kutali ngati ndimu.

Pomwepo chithunzi chinkachita mawanga oyera, filimu n'kutha.

Cassim anaionera kambirimbiri sabata imeneyo. Mafunso awiri sanamupatse mtendere. Loyamba: chinthu chojambulidwa ndi pensulo chimayenda bwanji? Lachiwiri: kodi bambo uja anatsika bwanji?

Woyang'anira chionetserocho anali mayi wachikulire dzina lake Yasmin, wochokera ku Sudan, katswiri wokonza mafilimu akale owonongeka. Cassim ankaopa kumufunsa pakamwa. Analemba mafunso ake awiri pa kapepala, n'kumupatsa ndi manja awiri.

Yasmin anawerenga, anamuyang'ana pamwamba pa magalasi a m'maso, n'kumuitanira pa tebulo lina. Anamuonetsa chidutswa cha filimu, chooneka ngati lamba wokhala ndi timazenera tambirimbiri.

"Palibe chimene chimayenda apa," anatero m'Chingerezi. "Chithunzi chilichonse changoima. Koma chotsatira chimasiyana pang'ono ndi chinzake. Ukaonetsa khumi ndi ziwiri pa sekondi imodzi, diso limanamizika."

Cassim analoza funso lachiwiri.

"Limenelo sindingayankhe. Filimuyi inapezeka m'chitini, kumapeto kwake kutawola. Ndafufuza zaka zisanu ndi chimodzi. Palibe amene akudziwa mmene inathera, ngakhale dzina la amene anaijambula."

"Nde-nde-ndiye akadali komweko?" anafunsa Cassim, ataiwala kuopa.

Yasmin anaseka. "Akadali komweko."

Kumalo ogona antchito, Cassim ankakhala chipinda chimodzi ndi a Wilbert, dalaivala wa basi ya kampani, bambo wamkulu wochokera ku Katete, ku Zambia. Atawafotokozera nkhani ya wamakalata, a Wilbert anapukusa mutu.

"Ameneyo ni mnzathu. Anapita pa contract, kubwerera kwavuta."

"Ndi-ndikufuna ndimutsitse, achimwene."

"Iwe, anthu akuganiza zoku-renew ma-contract, iwe ukuganiza za munthu wa pensulo? Yalla, tiye tikadye."

Koma Cassim anayamba. Anapempha anyamata a mu ofesi kuti azimusungira mapepala otayidwa, olembedwa mbali imodzi. Ankawadula panayi. Pa kapepala kalikonse ankajambula wamakalata uja, mwendo utasuntha pang'ono. Kenako ankajambula timapepalato ndi foni, kamodzikamodzi, n'kulumikiza zithunzizo.

Ataonera koyamba, anakhumudwa. Munthu wake ankanjenjemera ngati wamalungo, mutu ukukula n'kumachepa. A Wilbert anaseka mpaka kutsokomola. Atamaliza kuseka anatenga timapepalato n'kutiyang'anitsitsa, pakuti asanakhale dalaivala anali kalipentala.

"Vuto si dzanja lako, mapepala sakukhala malo amodzi. Dikira."

Lachisanu lotsatira anabwera ndi kathabwa atakhomapo misomali iwiri, ndi galasi la shelefu yakale. Pepala lililonse ankaliboola mabowo awiri n'kulikoleka pa misomalipo. Akaika tochi pansi pa galasi, chithunzi chapansi chinkaonekera, Cassim n'kumajambula chotsatira pamwamba pake. Kunjenjemera kunatha.

Chidwi chinamupitirira, mpaka anayamba kujambula ali pa ntchito, m'kabuku kobisa m'thumba. Supavaiza anamupeza. Analanda kabukuko n'kumupatsa kalata ya chenjezo.

Cassim sanatsutse, chifukwa anadziwa kuti walakwa. Kuchokera tsiku limenelo, pensulo ankaisiya kuchipinda. Pa ntchito ankagwiritsa ntchito maso okha. Mu holo mukakhala mopanda anthu, ankawerenga mumtima kuti wamakalata akamalumpha amayamba wagwada kangati, chipewa chimatsalira m'mwamba nthawi yaitali bwanji. Akaweruka, basi ikangowatula, ankajambula zithunzi zisanu ndi zitatu kapena khumi asanadye chamadzulo.

Patatha mwezi anakaonetsa Yasmin masekondi khumi, pa nthawi yopuma. Ankayembekezera kuyamikiridwa.

Yasmin anaonera kawiri, n'kumubwezera foni. "Nkhope waitha. Koma munthuyu sakuyenda, akutsetsereka ngati waima pa sopo. Alibe kulemera. Unayamba waonapo mmene munthu amayendera?"

Mawuwo anamupweteka. Masiku atatu sanagwire pensulo. Koma funsolo linamukakamira: kodi munthu amayenda bwanji?

Lachisanu, tsiku lake lopuma, dzuwa litapepa, anapita ku Corniche, msewu wa m'mbali mwa nyanja umene anthu amapitako kokawongola miyendo. Anakhala pa benchi n'kumayang'ana miyendo yokhayokha. Anaona zimene anali asanazionepo pa zaka makumi atatu za moyo wake. Munthu akamayenda, mutu umakwera ndi kutsika. Mwendo wamanja ukapita kutsogolo, dzanja lamanzere ndi limene limatsagana nawo. Wonenepa amayamba wapendekeka asanaponde. Wotopa amakoka chidendene. Anayesera yekha, akuyenda pang'onopang'ono m'mbali mwa msewu, mpaka wapolisi wina anamufunsa ngati ali bwino.

Atabwerera anang'amba zithunzi zoposa zana, n'kuyambiranso.

Tsopano wamakalata ankayenda ngati munthu. Chimene chinatsala chinali chachikulu: atsika bwanji? Cassim anayesa ambulera, koma anaona kuti aliyense angaganize zimenezo. Anayesa chingwe, osaseketsa. Masabata awiri anapita, chionetsero chikuyandikira kutseka, kontrakiti nayo ikutha.

Yankho linapezeka ku ofesi yotumizira katundu. A Wilbert ankatumiza katoni ya zovala kwa ana awo, ndipo Cassim anawaperekeza kukawanyamulira. Kalaliki anayeza katoniyo, anamatapo masitika, n'kudinda chidindo.

A Wilbert anaisisita katoniyo. "Iyi ikafika kwathu ine ndisanafike. Bwana, mundimate sitika na ine pamsana, munditumize ku Katete, khalas, nkhani yatha."

Cassim anangoti chilili, kukamwa kuli yasa.

"Nanga n'chiyani?" anafunsa a Wilbert.

"A-a-achimwene, mwamutsitsa."

M'masabata asanu ndi limodzi otsatira anajambula zithunzi zokwana mazana asanu ndi awiri, zonse pamodzi. Chala chapakati chinachita chithuza. Mkazi wake akaimba foni n'kufunsa za ntchito, iye ankanena zoona, kuti sakudziwa ngati amusunga. Mkaziyo anamuuza kuti, "Ngati akubwezani, mubwere. Koma munthu wanu wa kumweziyo mumumalize kaye, tidzamuone."

Kutatsala sabata imodzi kuti chionetsero chitsekedwe, anapita kwa Yasmin ndi mphindi imodzi yathunthu.

Nayi mmene inalili. Wamakalata akuyenda pa nkhope ya mwezi, akugogoda m'maenje ngati pazitseko. Mwezi ukutsegula diso limodzi, n'kulandira kalata. Poitsegula, muli chithunzi cha galu uja atagwira duwa. Mwezi ukuchita manyazi, masaya n'kuda bii. Ukulemba yankho msangamsanga, n'kulilowetsa m'thumba la wamakalata. Kenako ukuyang'ana uku ndi uku, kufuna potumizira. Ukutulutsa lilime, kunyambita sitampu yaikulu, kuimata pa thalauza la wamakalata kumbuyo, kumudinda ndi nyenyezi, n'kumuponya m'kabowo ngati mmene amaponyera kalata m'bokosi la ku positi. Iye akugwa, akugwa, mpaka thi! m'thumba la makalata la ku positi ofesi kwake komwe. Bwana wake akumutulutsa, kuyang'ana sitampu, kuyang'ana wotchi, n'kumuloza chala kuti wachedwa. Panja galu akudikira, mchira ukugwedera.

Yasmin anaseka mpaka anavula magalasi. Anaoneranso kachiwiri, ulendo uno osaseka, akuimitsaimitsa.

"Wakuphunzitsa ndani?"

"Inuyo, Madam. Ndi a-a Wilbert. Ndi iwo aja," anatero akuloza kukhoma.

"Tsiku lotseka ndikufuna ndiionetse. Ndidzawauza anthu momveka kuti awa si mathero enieni a filimuyi, ndi a iwe. Ukuvomera?"

Anavomera. Yasmin anakapempha yekha kwa supavaiza kuti tsiku limenelo Cassim adzamasulidwe ola limodzi.

Mwambo wotseka unachitika Loweruka masana. Holo inadzaza. Kunabwera woimba piyano, chifukwa kale mafilimu opanda mawu ankaonetsedwa wina akuimba pambali. Filimu ya wamakalata inafika pa mawanga oyera paja, koma ulendo uno sinathere pomwepo. Panabwera zithunzi za pensulo, za pa mapepala otayidwa, mwina ndi mwina zilembo za kuseri zikuonekera.

Cassim anaima kumbuyo, ali mu yunifolomu. Mwezi utatsegula diso, kunamveka kuseka pang'ono. Utachita manyazi, kuseka kunakula. Utanyambita sitampu, holo yonse inaphulika. A Wilbert, amene anasinthana shifiti ndi mnzawo kuti apezekepo, ankauza aliyense woyandikana naye kuti misomali anakhoma ndi iwo.

Magetsi atayaka, Yasmin anati, "Amene wajambula ali muno. Mwakhala mukumudutsa pakhomo miyezi inayi." Anamuitana kutsogolo n'kumupatsa maikolofoni.

Apa ndi pamene Cassim ankaopa kuposa china chilichonse. Anthu oposa zana ankamuyang'ana. Anatsegula pakamwa, mawu n'kukanirira monga mwa masiku onse. Anayesa kachiwiri. Supavaiza, amene anaima pakhomo m'malo mwake, anaweramitsa mutu.

Koma palibe anayang'ana wotchi. Anthu amene angoseka nawe amatha kukudikira.

Anapuma mozama, n'kunena chiganizo chimodzi m'Chingerezi, chimene chinamutengera nthawi yaitali: "Ndi-ndinangofuna ku-kudziwa kuti anatsika bwanji."

Anthu anaimirira, akuwomba m'manja.

Musaganize kuti m'mawa mwake zonse zinasintha. Lolemba anavalanso yunifolomu. Kontrakiti anamuwonjezera chaka chimodzi, n'kumutumiza kukalondera kosungira magalimoto, pansi pa nyumba, kotentha. Chibwibwi sichinathe, ndipo mpaka lero chilipo.

Koma pa anthu amene anaonera tsiku lija panali mayi wina wa kampani yaing'ono yopanga mafilimu ophunzitsira antchito. Vuto lawo linali lakuti pamalo omanga nyumba pamakhala anthu a zinenero khumi kapena kuposa, ndipo ena sadziwa kuwerenga. Uwauza bwanji onsewo kuti azimwa madzi kukatentha, kapena kuti azimanga lamba akakwera pamwamba? Mayiyo anaona kuti mlondayu amatha kufotokoza nkhani yonse popanda liwu limodzi.

Anamulola kuti azipita ku kampaniyo kukaphunzira kujambula pa kompyuta tsiku lake lopuma. Miyezi itatu yoyamba inali yowawa. Anali asanagwirepo cholembera cha pa kompyuta, ndipo achinyamata a kumeneko ankamaliza pa ola limodzi zimene iye ankachita tsiku lonse. Ankafunsa mafunso ambiri, ena pakamwa, ena polemba, mpaka anamupatsa dzina loti Bambo Chifukwa Chiyani. Chaka chitatha, kontrakiti ya ulonda itafika kumapeto, anasamukira ku kampaniyo mwadongosolo, ngati wojambula.

Katuni yake yoyamba kumeneko inali ya mmisiri wonyada amene ankakana kumwa madzi, mpaka anauma n'kupindika ngati chikopa, anzake n'kumuthira m'ndowa kuti afufume. Tsiku loionetsa, Cassim anapita nawo ku malo ena omanga. Amuna mazana awiri a ku Nepal, Bangladesh, Kenya ndi Uganda anakhala pansi pa shedi ataika zipewa zawo pamiyendo. Anaseka kwambiri. Filimu itatha, iye anaona mzere wautali pa thanki ya madzi, popanda kapitawo kuwauza.

Chaka chimenecho anapita kutchuthi ku Ntaja, n'kunyamula mwana wake m'manja kwa nthawi yoyamba. Mwanayo anali atayamba kale kuyankhula, ndipo anamufunsa bambo ake chifukwa chake amabwereza mawu. Cassim anamuyankha kuti pakamwa pake pamayenda pang'onopang'ono, koma pamafika.

Owerenga anzanga, munthu uyu sanapatsidwe mwayi waukulu. Anapatsidwa chilango, chipinda chamdima ndi ntchito yongoima. Mwayi anaupeza chifukwa anafunsa funso limene anthu mazanamazana anadutsa osalifunsa, ndipo atauzidwa kuti yankho palibe, anakhala pansi n'kulipanga yekha, kapepala kamodzikamodzi.

Mwina nanunso muli pamalo amene simunasankhe. Mwina mayeso anakukanani, mwina pali chilema chimene anthu amakuwerengerani musanayambe n'kuyankhula komwe. Yang'anani bwino pamene mwaimapo. Chimene chakudabwitsani, chifunseni. Akakudzudzulani moona, pwetekedwani mtima masiku atatu, lachinayi mubwerere pa ntchito. Mukalakwa, vomerani. Zikafuna kung'amba n'kuyambiranso, ng'ambani.

Mtima wanu usagwe, ndipo chidwi chanu musachilole kufa. Yambani lero ndi chimene chili m'manja mwanu.